Amai Sybil Thorndike: mwana wa wansembe amene anapita ndi masewero kumigodi

Pa Lacisanu Loyera, m'maparishi ambiri a kuno ku Katete, ku Sinda ndi ku Vubwi, acinyamata amacita sewero la masautso a Ambuye. Wina amafunda nsalu yofiira nakhala Pilato, wina amasenza mtanda wa bulugamu, ndipo agogo okhala pa mabenchi a kutsogolo amalira misozi yeniyeni ngakhale akudziwa kuti wopacikidwayo ndi mdzukulu wao yemwe dzulo lomweli anali kubusa ng'ombe kudambo. Sewero likatha aliyense amayamikira. Koma mtsikana amene wacita bwino mbali ya Maria akangonena kuti akufuna masewero akhale nchito yake ya moyo wonse, kunyumba kumabuka mlandu. Makolo ambiri amati imeneyo ndi nchito ya anthu osakhazikika, ndipo kwa mwana wamkazi ndi njira yotayikira.

Maganizo amenewa si athu okha. Ku England nako, m'zaka za m'ma 1800, mabanja ambiri opemphera sanali kufuna kumva zoti mwana wao wamkazi akaime pamaso pa anthu atadzola zodzoladzola, nalandira malipiro. Lero tikambe za mai wina wa kumeneko amene anakulira m'nyumba ya wansembe, nacita masewero kwa zaka 65 osataya cikhulupiriro cake, ndipo atamwalira dziko lake linamusunga m'chalichi momwe mugona mafumu. Dzina lao ndi amai Sybil Thorndike.

Sybil anabadwa pa 24 Okutobala 1882 m'tauni ya Gainsborough, m'cigawo ca Lincolnshire. Atate ake, a Arthur Thorndike, anali wansembe wa mpingo wa Angilikani, mpingo womwewu umene unatsegula mishoni ya Msoro ndi cipatala ca St Francis ku Katete. Mwana ali ndi zaka ziwiri banja linasamukira ku Rochester, kum'mawa kwa London, komwe atatewo anapatsidwa udindo pa chalichi cacikulu ca bishopu. Ndiko kumene anakulira, pakati pa mabelu, kwaya ndi maulaliki. Iye ndi mlongo wake Russell ankatengera zonse zimene aona m'chalichi ndi zimene awerenga m'mabuku, nacita timasewero tao m'nyumba, oonerera ali a pabanja pomwepo.

Komabe colinga cake coyamba sicinali masewero ai. Ankafuna kukhala woliza piyano, ndipo luso anali nalo. Mlungu uliwonse ankakwera sitima kupita ku London kukaphunzira pa sukulu ya nyimbo ya Guildhall, ndipo mu 1899, ali ndi zaka 16, analiza yekha pamaso pa anthu a ku Rochester. Posakhalitsa dzanja linayamba kukana. Minofu inkakokana ndi kupweteka kwambiri akangoliza kwa kanthawi, mpaka zinaonekeratu kuti nchito imeneyi sangaipitirize. Mlimi amene anathyokapo dzanja mwezi wa Disembala, udzu uli kukula m'munda, adziwa mtima umene mtsikanayu anali nao. Ndi Russell amene anamulimbikitsa kuti ayese masewero.

Mu 1903 analowa sukulu ya masewero ya bambo wina wochedwa Ben Greet, ndipo caka cotsatira anaoloka nyanja ndi gulu la bamboyo kupita ku America. Kumeneko anatha zaka zitatu akuyenda pa sitima, lero tauni iyi, mawa ina, kugona m'nyumba za alendo zochipa. Masewero ambiri anali a William Shakespeare, mlembi wa ku England amene anamwalira mu 1616, yemwe ena a inu munakumana naye ku sekondale m'buku la Macbeth kapena Julius Caesar. Pobwerera kwao mu 1907 mtsikanayu anali atacita mbali 112 zosiyanasiyana. Lero ndi mfumukazi, mawa ndi wanchito wa m'nyumba, mkuja ndi mnyamata wotumidwa ndi kalata. Wina akadwala, wolowa m'malo anali iye. Sukulu yake yeniyeni inali imeneyi, ndipo cizolowezi conyamula sutikesi kukafuna anthu komwe ali sicinamucoke mpaka ukalamba.

Mu 1908 analowa gulu la mai Annie Horniman ku Manchester, mzinda wa mafakitale oomba nsalu za thonje. Gululi linkakonda kuonetsa masewero okamba za moyo wa anthu wamba: ngongole, malipiro ocepa, ndeu za m'banja. M'gulu lomwelo munali a Lewis Casson, a ku banja la ku Wales, aakulu kwa iye ndi zaka 7. Awiriwa anamangitsa ukwati mu Disembala 1908 m'chalichi ca ku Aylesford, komwe atate a mkwatibwi anali wansembe. A Casson anali munthu wa ndale za anchito, wokhulupirira kuti cuma ca dziko ciyenera kufika kwa amene amacikhetsera thukuta, ndiponso kuti akazi ayenera kuvota, zimene pa nthawiyo lamulo silinali kulola. Akazi ao anatenga maganizo amenewa nawaphatikiza ndi cikhulupiriro ca kwao, ndipo kwa iwo ziwirizi sizinali kutsutsana. Pakati pa 1909 ndi 1915 anabereka ana anai: John, Christopher, Mary ndi Ann. Mu 1913 a Sybil anachuka ku Manchester ndi sewero la Jane Clegg, nkhani ya mai amene mwamuna wake ndi wa juga, wabodza ndiponso wacimasomaso, mpaka maiyo aona kuti kuli bwino kulera ana yekha. Nkhani yotere amai ambiri amaidziwa asanauzidwe.

Nkhondo yoyamba ya dziko lonse itabuka mu 1914, nkhondo yomwe kuno inatenga amuna ambiri kukakhala amtengatenga, a Casson analowa usilikali. A Sybil anapeza nchito pa nyumba ya masewero yochedwa Old Vic, kutsidya kwa mtsinje wa Thames, m'dera la anthu osauka pafupi ndi siteshoni ya Waterloo. Nyumbayi ili ndi mbiri yake. Kale inali malo a mowa ndi ndeu, mpaka mu 1880 pamene mai wina wofuna kuthandiza osauka, Emma Cons, anaitenga naisandutsa malo a zosangalatsa opanda mowa, ogulitsa khofi, kuti bambo azitha kupita ndi mkazi ndi ana osaopa kanthu. Pa nthawi ya a Sybil woyang'anira anali mwana wa mbale wao wa mai Cons, dzina lake Lilian Baylis, amene anakhalapo ku Johannesburg akuphunzitsa nyimbo. Mai Baylis ankadziwika ndi zinthu ziwiri, kupemphera ndi kuumira pa ndalama. Malipiro a ocita masewero anali ocepa kwambiri, zovala zinali zakale, koma mtengo wolowera unali wakuti mai wocapa zovala za anthu ndi bambo wonyamula katundu pa siteshoni ankatha kulipira naona Shakespeare.

Amuna a m'gululo anapita kunkhondo mmodzimmodzi mpaka otsala anali ocepa. M'masiku a Shakespeare mwini wake akazi sanali kuloledwa pa siteji, ndipo mbali za akazi ankacita ndi anyamata. Tsopano zinthu zinatembenuka. A Sybil, mai wa ana anai, anavala zacimuna nakhala Prince Hal mwana wa mfumu, nakhalanso citsiru coseketsa ca pabwalo la mfumu Lear, kuwonjezera pa mbali zazikulu za akazi monga Lady Macbeth. Amene munaonapo mtsikana atavala cisoti ca katoni kukhala msilikali wa Ciroma cifukwa anyamata a parishi apita kuganyu, mudziwa kuti zimatheka. Ndege za Ajeremani zinkaponya mabomba pa London, koma masewero pa Old Vic sanali kuima.

Caka ca 1917 cinali cowawa. Mlongo wao wamng'ono, Frank, anafa pa ngozi ya ndege ya nkhondo. Patangopita miyezi yowerengeka atate ao anamwalira mwadzidzidzi m'chalichi cao ca ku London. Russell anali atabwera kale wovulala kucokera ku Gallipoli, ndipo a Casson nao anavulala ku France, komwe anali m'gulu la asilikali oponyera adani mpweya wa poizoni, nchito imene inawavutitsa mumtima kwa zaka zambiri. A Sybil anatuluka m'nkhondoyo akudana ndi nkhondo ya mtundu uliwonse. Mu 1919 anacita sewero lakale la Agiriki lochedwa The Trojan Women, limene Euripides analemba zaka zoposa 400 Yesu asanabadwe. Nkhani yake ndi ya akazi a mzinda wogonjetsedwa, amuna ao ataphedwa, iwo akudikira kugawidwa ngati akapolo. A Sybil anali Hecuba, mfumukazi yokalamba imene yataya mwamuna ndi ana, ndipo pomaliza ikonza mtembo wa kamdzukulu kake. Pakati pa oonerera panali amasiye ambiri a nkhondo imene inali itangotha kumene. Kuyambira pamenepo dzina lao linamveka London yense.

Koma sewero limene anthu amawakumbukira nalo kufikira lero ndi Saint Joan. Akatolika amudziwa Joana Woyera wa ku Arc, amene tsiku lake limakhala pa 30 Meyi. Anali mwana wa mlimi wa m'mudzi wa Domrémy ku France, wosadziwa kulemba ndi kuwerenga, wozolowera kupota ulusi ndi kuthandiza pa ziweto. Ali ndi zaka pafupifupi 17 ananena kuti oyera a kumwamba amulamula kupulumutsa dziko lake kwa Angelezi, amene anali atalanda mbali yaikulu ya France. Mu 1429 anatsogolera asilikali kukamasula mzinda wa Orléans, naperekeza Charles VII ku Reims kukadzozedwa ufumu. Caka cotsatira anagwidwa, nagulitsidwa kwa Angelezi, naweruzidwa ndi bwalo la mpingo lotsogozedwa ndi bishopu Pierre Cauchon. Pa 30 Meyi 1431 anamutentha wamoyo pa msika wa ku Rouen. Patatha zaka 25 mpingo womwewo unapeza kuti mlandu unaweruzidwa mokhota, ndipo mu 1920 Papa Benedict XV analengeza kuti Joana ndi woyera.

Mlembi wa ku Ireland, George Bernard Shaw, anawaona a Sybil pa siteji mu 1922 natsimikiza kuti wapeza munthu woti akhale Joana. Analemba seweroli akuganizira iwo. Linayamba kuonetsedwa ku New York kumapeto kwa 1923 ndi mtsikana wina, koma ku London linatsegulidwa pa 26 Malichi 1924, a Sybil ali ndi zaka 41, akucita mbali ya mtsikana wosafika zaka 20. Linaonetsedwa maulendo 244 motsatana.

Cimene cinadabwitsa anthu ndi cakuti Joana wao sanali ngati wa pa zithunzi za m'chalichi, wa maso oyang'ana kumwamba ndi manja opinda pacifuwa. Anali mtsikana wa kumudzi, wa mau amphamvu ndi kalankhulidwe ka kumudzi, woyenda ngati munthu wozolowera nchito ya manja, wokamba ndi akuluakulu a nkhondo ndi mwana wa mfumu yemwe ngati akuitana abale ake kumunda. Ndipo Shaw sanalembe oweruzawo ngati zigawenga. Bishopu ndi anzake m'seweroli ndi anthu ophunzira, okhulupirira ndi mtima wonse kuti akuteteza mpingo, ndipo ndico cimene cimapweteka kwambiri, kuona mtsikana akuphedwa ndi anthu amene akuganiza kuti akucita bwino. Mwana wa wansembe ankawadziwa anthu otere kucokera ku ubwana, ubwino wao ndi kuuma mutu kwao komwe. Amuna ao a Casson ndiwo anali wansembe wa Cingelezi amene aumirira kuti Joana atenthedwe, koma ataona motowo ndi maso ake abwerera akulira ngati wamisala. Tangoganizani, usiku uliwonse bambo kupempha kuti mkazi wake aponyedwe pamoto, kenaka awiriwo n'kubwerera kunyumba limodzi kukaona ana.

Apa ndi pamene makolo amene tawachula poyamba paja angafunse kuti, nanga munthu wopemphera angacite bwanji mbali ya mkazi wakupha monga Lady Macbeth osadetsedwa nazo? A Sybil funsoli ankalidziwa, moti mu 1928 analemba kabuku kochedwa Religion and the Stage, kokamba za cipembedzo ndi masewero. Ine mmene ndionera moyo wao, yankho lili poyera. Munthu sangacite bwino mbali ya wocimwa ngati sanayese kumvetsa cimene cinamufikitsa pamenepo, njala yake, mantha ake, nsanje yake. Amene wazolowera kucita zimenezi usiku uliwonse safulumira kutola mwala. Mnyamata amene amakhala Yudasi pa Lacisanu Loyera sasanduka Yudasi, koma mwina amabwerera kunyumba akudziwa kuposa anzake mmene ndalama zimakokera mtima.

Zocita zao kunja kwa siteji zinkaonetsa zomwezo. Mu Meyi 1926 anchito a ku Britain konse ananyanyala nchito pofuna kuthandiza anzao a m'migodi ya malasha, amene malipiro ao anali kudulidwa. Nyumba za masewero zinataya ndalama, ndipo banja la a Casson linali pakati pa otayawo. Ngakhale zinali conco, iwo anaima poyera kumbali ya onyanyalawo.

Filimu yao yodziwika kwambiri ya masiku amenewo ndi Dawn, ya mu 1928, ya zithunzi zopanda mau. Anacita mbali ya Edith Cavell, namwino wa Cingelezi, nayenso mwana wa wansembe, amene ankayang'anira sukulu ya anamwino ku Brussels m'dziko la Belgium. Namwinoyu ankasamalira ovulala a mbali zonse ziwiri, koma anathandizanso asilikali pafupifupi 200 a Britain ndi anzao kuthawa, ndipo Ajeremani anamupha ndi mfuti pa 12 Okutobala 1915. Filimuyi inabutsa mkangano isanaonetsedwe n'komwe. Boma la Germany linadandaula, nduna ya zakunja ya Britain inagwirizana nalo, ndipo bungwe loyang'anira mafilimu linakana kuivomereza. Makhonsolo a mizinda, kuphatikizapo ya London, ndiwo anailola kuti anthu aione.

Mu 1928 ndi 1929 a Sybil ndi amuna ao anali ku South Africa ndi masewero ao. Kunali kudakali zaka 20 kuti cipani ca apartheid citenge boma, koma tsankho linalipo kale. M'nyumba za masewero za ku Johannesburg munthu wakuda ankalowa kukasesa, osati kukakhala pampando pafupi ndi mzungu. Ndi masiku omwewo amene agogo athu ambiri a kuno ankayenda pansi milungu yambiri kupita kumigodi ndi kumafamu a kumwera kukafuna ndalama ya msonkho. A Sybil sanakhale cete. Anaumirira kuti anthu akuda nao aone masewerowo, ndipo anawacitiradi. Sitinganene kuti anagwetsa tsankho, pakuti ulendo utatha zitseko zinakhalabe momwe zinalili. Koma alendo ochuka ocokera ku England anali kufika ambiri kumeneko, kulandira ndalama zao ndi kubwerera osafunsa kuti amene atsala panjawo ndani. Iwo anafunsa. Mu 1931 mfumu George V inawapatsa ulemu wa Dame, umene kwa akazi ufanana ndi wa Sir kwa amuna.

Nkhondo yaciwiri itayamba mu 1939 anali ndi zaka 56. Anali membala wa bungwe lokana nkhondo la Peace Pledge Union, ndipo pambuyo pake dzina lao linapezeka pa mndandanda wa anthu amene a Nazi anakonza kudzagwira akadzalanda Britain. Koma mwana wao woyamba, John, anali woyendetsa ndege za gulu la nkhondo la pamadzi. Mu Juni 1940 ndege yake inagwetsedwa ku Norway pamene ankaukira sitima ya Ajeremani yochedwa Scharnhorst. Poyamba makolo anangouzidwa kuti wasowa. Kenaka uthenga unafika woti ali moyo koma ndi mkaidi, ndipo anakhala m'manja mwa Ajeremani mpaka 1945. Mai wodana ndi nkhondo, mwana wake msilikali wogwidwa: mtolo umenewu anausenza zaka zisanu.

Ndi m'masiku amenewo pamene anacita nchito imene ine ndiona kuti iposa zonse. London inali kuphulitsidwa usiku ndi usiku, nyumba zambiri za masewero zinatsekedwa, ndipo Old Vic nayo inaonongeka ndi bomba mu 1941. Boma linathandiza kukhazikitsa bungwe lotumiza oimba ndi ocita masewero kumadera akutali. Kuyambira kumapeto kwa 1940 a Sybil ndi a Casson anatenga kagulu kocepa kupita ku zigwa za migodi ya malasha kumwera kwa Wales. Kumeneko kunali midzi ya anthu amene anavutika ndi ulova zaka zambiri nkhondo isanayambe, anthu a kwaya ndi mapemphero, ambiri a iwo osaonapo sewero la akatswiri cibadwire. Akuluakulu ena ankaganiza kuti anthu otere n'kungowapatsa zoseketsa zopepuka. A Casson, amene ankawadziwa anthu a kwao, anakana nasankha Macbeth, nkhani ya kazembe wa nkhondo amene apha mfumu yake ili mlendo m'nyumba mwake cifukwa ca dyera la ufumu, mkazi wake akumusonkhezera. Pambuyo pake anawonjezera Medea, sewero lina la Euripides, la mkazi wosiyidwa ndi mwamuna cifukwa ca mwana wa mfumu, amene abwezera mwa kupha ana ake omwe.

Nyumba za masewero m'midzi yambiri kunalibe. Ankacitira m'maholo a anchito a m'migodi ndi m'maholo ena a m'mudzi, malo onga holo ya parishi yathu. Usiku ankagona m'nyumba za anthu a m'migodi momwemo, kudya cimene banja ladya, pa nthawi imene cakudya cinali copimidwa ndi boma. Dame wa zaka pafupifupi 60 ankadzuka m'kacipinda ka eni nyumba, kuceza ndi amai a pakhomo kukhichini, kenaka kulongedza kupita mudzi wotsatira. Maholo ankadzaza. Amuna amene tsiku lonse anali pansi pa nthaka ankakhala cete maola awiri kumvetsera mau olembedwa zaka zoposa 300 m'mbuyomo. Munthu amene anaikapo mnzake wophedwa ndi mgodi safunika kumuphunzitsa kuti cisoni n'ciani, ndipo mai amene anasiyidwapo ndi ana m'manja amamumva Medea ngakhale sangavomereze cimene anacita. Maulendowa anapitirira mpaka 1942, nafikanso kumadera ena a migodi ndi mafakitale.

Akuluakulu ena kuno akumbukira kuti m'zaka za m'ma 1970 ophunzira a pa University of Zambia, a gulu la Chikwakwa, anacita cimodzimodzi, kusiya Lusaka ndi kupita ndi masewero kumaboma ndi kumidzi, m'zinenero za anthu eni ake. Nao anapeza zimene a Sybil anapeza ku Wales, zakuti wa kumudzi amamva sewero lalikulu bwinobwino likangomufika.

Mu 1944 anabwerera ku London kukagwira nchito ndi Laurence Olivier ndi Ralph Richardson, akatswiri awiri a m'badwo wotsatira. Olivier nayenso anali mwana wa wansembe, ndipo a Sybil anamudziwa ali mwana wa sukulu, namupatsa kambali kakang'ono m'gulu lao mu 1925 asanachuke. Nkhondo itatha mu 1945 gululi linapita ku Germany kukasangalatsa asilikali, ndipo a Sybil anafika ku Belsen, msasa umene a Nazi anaphera anthu zikwizikwi ndi njala ndi matenda. Anaona opulumuka, ana omwe, ali mafupa okhaokha m'zipatala. Zimene anaona kumeneko sanaziiwale.

Za mafilimu tisanamizane, sanali malo ao enieni. Mau ndi manja zimene zimafika kwa munthu wokhala kumbuyo kwa holo zimaoneka zopitirira muyeso kamera ikayandikira, ndipo olemba nkhani ena ankawadzudzula kuti amawonjeza mcere ngakhale pa siteji pomwe. Analinso ndi cizolowezi covomera masewero ena osalimba cifukwa cosafuna kukhala manja lende. Komabe m'mafilimu angapo anasiya cizindikiro. Mu Major Barbara ya mu 1941 anali mkulu wa Salvation Army. Mu Nicholas Nickleby ya mu 1947 anali mkazi wankhanza wa mphunzitsi wozunza ana. Mu 1950 anagwira nchito ndi Alfred Hitchcock mu Stage Fright. Yomwe ambiri amaikumbukira ndi The Prince and the Showgirl ya mu 1957, momwe anali mfumukazi yokalamba pamodzi ndi Olivier ndi Marilyn Monroe wa ku America. Pojambula filimuyi Monroe ankabwera mocedwa, wamantha, woiwala mau, ndipo anzake ambiri anatopa naye, makamaka Olivier amene anali woyang'anira. Gogo wa zaka 73 ndiye anaima naye, namukomera mtima, nauza anzake kuti pa onsewo mtsikanayo ndiye ankadziwadi kucita pamaso pa kamera.

M'zaka za m'ma 1950 nkhalamba ziwirizi zinapitiriza kuyenda, nthawi zambiri awiriwiri, kulakatula ndakatulo ndi kucita zigawo za masewero popanda zovala zapadera. Anafika ku India, ku Australia ndi ku New Zealand, ndipo mu 1956 anabweranso kumwera kwa Africa ndi ku Kenya. Mu 1962, ali pafupi kukwanitsa zaka 80, anali mlezi wokalamba m'sewero la Uncle Vanya ku Chichester, a Casson ali pomwepo.

Mu Disembala 1968 anakwanitsa zaka 60 ali m'banja. Mu Meyi 1969 a Casson anamwalira ali ndi zaka 93. Caka comweco m'tauni ya Leatherhead munatsegulidwa nyumba ya masewero yatsopano imene anaipatsa dzina la Thorndike, ndipo mu Okutobala a Sybil anakwera siteji yake kucita There Was an Old Woman, nkhani ya gogo wopanda pokhala. Nyamakazi inali itawagwira, ndipo mau amene kale ankawaloweza mosavuta anayamba kuwathawa pamaso pa anthu. Limenelo linali sewero lao lomaliza pa siteji. Mu 1970 mfumukazi Elizabeth II inawapatsa ulemu wina wa Companion of Honour.

Anamwalira pa 9 Juni 1976 kunyumba kwao ku Chelsea, mu London, ali ndi zaka 93, monga amuna ao. Thupi lao linatenthedwa, monga amacitira mabanja ambiri kumeneko, ndipo phulusa linaikidwa mu Westminster Abbey. M'chalichi comweco ndimo munaikidwa thupi la David Livingstone mu 1874, amene mtima wake unatsala kuno kwathu kwa Chitambo.